Maliro Oyamba a Bambo Anga

Mlandu wonse unali wa achimwene anga, ndipo ndanena poyambirira kuti pasakhale wondiloza chala. Inde, amene analira mokweza mpaka kusonkhanitsa komboni yathu yonse ya Mtendere, kuno ku Zambia, ndine, sindikana. Koma amene anandiuza kuti ndilire choncho ndi iwo, amene anati titulutse mipando ndi iwo, kamera inalinso yawo.

Zaka zimenezo mafilimu a ku Nigeria anali atatilowerera tonse mu komboni. Zimbale zake zinkagulitsidwa paliponse, pamsika, pokwerera minibasi, ngakhale mayi wa tomato ankakhala nazo ziwiri zitatu pansi pa thebulo. Ku saluni kumene ndinkaluka tsitsi tinkaonera kuyambira m'mawa mpaka malaiti atapita. Munthu ukamuponda phazi m'minibasi sankanenanso kuti "iwe", ankakuwa kuti "Chineke!" ngati wabadwira komweko. Makondakitala ankaitana bambo aliyense wa mimba yaikulu kuti "Igwe", ndiye kuti mfumu. Tinkadziwa mmene mfumu ya kumeneko imakhalira pampando, mmene apongozi a kumeneko amathamangitsira mkazi, ndi mmene mlonda amathamangira kugeti galimoto ikaliza hutala. Koma ukatchula filimu ya kuno kwathu anthu ankangopinda milomo. "Vama Zambia? Awe mwandi, mau samveka, nkhani siyenda."

Mawu amenewa ankawapweteka kwambiri achimwene. Iwo anali ndi kamera yakale imene anagula kutauni, ndipo ankajambula maukwati, makitchini pate, nthawi zina ndi maliro omwe. Tsiku lina tikudya anangoika mbale pansi n'kunena kuti, "Kodi anthu a ku Nigeria ali ndi mitu iwiri? Ine ndipanga filimu ya Zambia yeniyeni. Aone!"

Ndinawafunsa kuti nkhani yake ndi yotani. Anati ndi ya mfumu yolemera, yovala kachipewa kofiira, imene ikuthiridwa poizoni ndi mkazi wachiwiri, ndipo mwana wake wamkazi akubwera kuchokera kunja n'kupeza bambo ake atafa.

"Nanga Zambia ili pati pamenepa, achimwene?"

"Zambia ndi ifeyo ochitawo. Iwe usandisokoneze."

Mwana wamkazi wochokera kunja uja anali ine, amene ngakhale ku Kafue, katauni kapafupi pomwepa, ndinali ndisanafike. Mfumu inali bambo athu. Bambo anali atapuma ntchito ya ulonda pa fakitale ina, ndipo m'nyumba mwathu panalibe wokonda mafilimu a ku Nigeria kuposa iwo. Atamva kuti akhala mfumu sanalole kuti achimwene amalize kulankhula. "Zaka zonsezi ndakhala ndikutsegulira anthu geti. Lero nane anditsegulire!" Vuto linali lakuti kwathu kunalibe geti, kunali kampanda ka maluwa ndi ngalande. Ndiye Loweruka lina tinapita ku Kabulonga, kumene kumakhala anthu olemera, kukajambulira pa geti ya munthu amene sitinkamudziwa. Bambo anaima pamenepo atavala nsalu ya pabedi, mikanda ya pulasitiki m'khosi, ndi chipewa cha Khirisimasi chimene tinachidula kansonga. Anangojambula pang'ono, galu anatulukira pansi pa getiyo, ndipo mfumu inathawa mpaka ku komboni ya Kalingalinga nsapato imodzi ili m'manja.

Amayi okha ndi amene sankafuna kumva za filimuyo. Kuti mumvetse zimene zinachitika, ndiyenera kunena za iwo. Agogo athu anachokera ku Malawi kudzagwira ntchito m'mafamu, ndipo sanabwererenso. Kumudzi kwawo timangodziwa dzina la boma, palibe mmodzi wa ife amene angafike n'kuloza kuti manda athu ndi awa. Anzathu mu komboni akadwala kwambiri amati awaperekeze kumudzi, koma ife kumudzi kwathu ndi Mtendere yomweyi. Choncho amayi ankati abale athu ndi maneba. Maliro akagwa m'dera lathu, kaya ndi a Abemba, kaya a Atonga, kaya a Asilamu a kuseri kwa msika, amayi ankafika oyamba ndi mbale ya ufa, n'kuchoka omaliza atatsuka mapoto. Ankatiuza kuti, "Musaganize kuti ndimakonda kulira. Ndikufuna kuti tsiku limene bambo anu kapena ine tidzagone, pakhomo pano padzadzaze anthu. Tilibe wina wotinyamula." Mnzawo wa pamaliro onsewo anali amake mapasa, neba wathu wa tsidya la ngalande, mayi wamphamvu wokazinga vitumbuwa. Mayi ameneyu anali ndi mawu. Akayamba kulira, mzere wonse wa nyumba unkadziwa kuti kwagwa zovuta.

Achimwene anasankha Lachinayi kuti tijambule imfa ya mfumu, chifukwa tsiku limenelo amayi ankalawirira ku msika wa Soweto kukaoda tomato. Atangotuluka, ife tinayamba. Tinayala matiresi pabalaza, bambo n'kugonapo ndi chipewa chawo chofiira. Tinawapaka paudala kumaso, n'kuwaika thonje m'mphuno. Ine ndinamanga kumutu katani wa pawindo, duku lalitali moti polowa pakhomo ndinkachita kuwerama. Malaiti anali atapita, ndiye tinatsegula chitseko kuti dzuwa lilowe. Achimwene anasuzumira mu kamera, anabwerera m'mbuyo, anagunda sofa, anapita uku, anagunda thebulo.

"Muno mwachepa. Nyumba za mafumu a ku Nigeria zimakhala zotakasuka. Iwe, gwira uko, titulutse zonsezi."

Tinatulutsa masofa onse atatu ndi thebulo, n'kuziika bwinobwino panja pakhomo.

Mu komboni maliro salengezedwa ndi kalata. Munthu akamwalira mumatulutsa masofa panja kuti amayi akhale pansi m'nyumba, abambo akhale pamipando kunjako, kenako wina amayamba kulira. Wodutsa akaona masofa panja n'kumva kulira safunsa kanthu, amangolowa. Zimenezi ndinkazidziwa kuyambira ndili wamng'ono, achimwene ankazidziwa, bambo ankazidziwa kuposa tonse. Koma m'mawa umenewo mitu yathu inali ku Lagos, ku Nigeria. Atatu tonsefe, anthu akuluakulu, palibe amene anaganizako.

Ulendo woyamba ndinalira monga timalirira kwathu. Ndinakhala pansi, miyendo kutambasula, nkhope n'kuiphimba ndi chitenje.

"Basi, basi! Iwe, ukulira ngati wa mu Mtendere."

"Nanga ndine wa kuti?"

"Lira ngati wa ku Lagos! Dzigwetse pansi, gubuduka, kuwa! Anthu akufuna kuona zimenezo."

Ulendo wachiwiri ndinadzigwetsa koma duku linagwa, bambo anaseka, thonje linafwamphuka m'mphuno. Pofika ulendo wachitatu ndinali nditapsa mtima, dzuwa litatentha, bondo likupweteka. Ndinati chabwino, mukufuna Lagos, nayi Lagos. Ndinathamanga kuchokera pakhomo, ndinadziponya pansi kuti phi! Ndinagubuduka mpaka kukhoma, n'kukuwa ndi mphamvu zanga zonse, "Bambo anga ine! Chineke! Mwandisiyira ndani, bambo anga!"

Ndisanapume n'komwe, pakhomo panada. Anali amake mapasa, manja ali ndi ufa, atawasanjika pamutu.

"Mayo ine! Ba neba banga! Mayo, mayo!"

Anagwa pamapazi a bambo n'kuyamba kulira kwawo kuja. Ndinayang'ana achimwene kuti anene kanthu. Iwo diso linali pa kamera, ndipo ndi dzanja linalo ankazunguliza chala m'mwamba kundiuza kuti pitiriza. Nkhope yawo inali ikuwala ngati ya munthu amene watola chikwama pamsewu.

Apa ndiye pamene ndimachita manyazi mpaka lero: ndinapitiriza. Ndikanatha kuwagwira amake mapasa paphewa n'kunena kuti ndi masewera. Mawu awiri okha. Koma kulira kwa mayi ameneyu kunkalowa m'mimba, ndipo mwadzidzidzi misozi imene ndinkaisaka m'mawa wonse inayamba kutuluka yokha. Kwa nthawi yoyamba ndinadziona kuti ndikuchita bwino.

Posakhalitsa m'nyumba munadzaza. Azimayi ankalowa akumanga zitenje, ena ndi mbale za ufa, wina ndi chitini cha malasha. Za kamera palibe amene anadabwa, poti achimwene ankajambula maliro kale. Za chipewa chofiira ndinamva mayi wina akufunsa mnzake chapansipansi, mnzakeyo n'kuyankha kuti, "Ni mwambo wa ku Malawi, osafunsa." Panja abambo anali atakhala kale pamasofa, akugwedeza mitu. Wina anakoka chipika cha nkhuni kuti chikhale cha moto. Wina anathamanga kukafuna galimoto yoti itenge thupi. Mayi wa kutchalitchi kwathu anayambitsa nyimbo, onse n'kuvomera.

Bambo anangokhala chigonere. Pambuyo pake ankadziteteza kuti ankafuna kudzuka, koma mphindi iliyonse ikadutsa kudzukako kunkavutiravutira. Ine ndikudziwa kuti ankafunanso kumva zimene anthu anene. Ndipo anamva. Agogo ena a ndodo anati, "Benze muntu wabwino, sanamenyepo mukazi." Ndinaona chifuwa cha maliro chikutukumuka pang'ono. Kenako wina ananong'ona kuti komabe Loweruka ankalowa ku taveni mozemba, kudzera kuseri. Chala cha kuphazi cha maliro chinagwedera.

Ndinakwawira kwa achimwene. "Achimwene, zakwana. Auzeni."

"Mphindi ziwiri zokha. Izi ngakhale ku Nigeria alibe."

Mphindi ziwirizo ndi zimene zinatipha. Amayi anatsika minibasi, beseni la tomato lili pamutu, ndipo atangokhota pakona anaona masofa awo panja, abambo atakhalapo. Amene anali panja anandiuza kuti sanakuwe. Beseni linangotsetsereka, tomato n'kumwazika mpaka mu ngalande. Amayi awiri anawagwira m'mikono n'kuwalowetsa.

Atalowa, nyimbo inaima. Amayi sanadzigwetse, sanagubuduke. Anagwada pambali pa matiresi, anagwira dzanja la bambo, n'kunena motsitsa kuti, "Inu abambo, m'mawa munati ndikugulireni tinsomba ta kapenta. Ndagula." Kenako m'khosi mwawo munatuluka kulira kumene ndinali ndisanakumvepo, kotsika, kosweka.

Bambo sanathe kupirira. Anadzuka n'kukhala tsonga, paudala ali mbuu, thonje lili m'mphuno, n'kunena ndi mawu a m'mphuno kuti, "Mayi a ana, pepani, ndi filimu."

Abale inu, ndinaona anthu akuthamanga tsiku limenelo. Amake mapasa anadumpha amayi awiri n'kutulukira pakhomo. Agogo a ndodo aja anaiwala ndodo. Mayi wa nyimbo anayesa pawindo, anapeza pali zitsulo, anasiya duku lake pomwepo n'kubwerera kupanikizana ndi anzake pachitseko. Abambo a panja, ataona azimayi akuthawa, nawo analiyatsa liwiro osafunsa kuti kwagwanji, sofa imodzi n'kugudubuka miyendo m'mwamba. Nthawi yomweyo galimoto ija inafika. Dalaivala anatulutsa mutu n'kufunsa kuti, "Tupi ili kuti?" Bambo, amene anali atafika pakhomo kuti aitane anthu abwerere, anakweza dzanja mwaulemu n'kuyankha kuti, "Ndine." Galimotoyo inabwerera chakumbuyo mpaka kumsewu waukulu.

M'nyumba tinatsala anayi. Ine ndinkayembekezera mbama, ndipo ndikanailandira ndi manja awiri. Amayi sanamenye munthu. Anatiyang'ana mmodzimmodzi, kuyambira bambo ndi chipewa chawo, ine ndi katani wawo kumutu, mpaka achimwene amene tsopano anali atabisa kamera kumbuyo. Anati, "Bwezerani mipando yanga m'nyumba." Kenako anatuluka kukatola tomato.

Anthu anabwerera, ndipo tsopano mantha anali atasanduka ukali. Anaima pakhomo, amake mapasa ali patsogolo, chifuwa chikukwera n'kutsika.

"Ba neba, ine nasiya vitumbuwa pa mbaula, vapsa vonse. Nalila mpaka mau yasila. Kansi munali kutiseweletsa? Misozi yanga ni ya vidiyo?"

Amayi anayesa kufotokoza kuti iwonso sankadziwa, koma mayiyo anakweza dzanja.

"Nyumba ni yanu, mwamuna ni wanu, bana ni banu. Mvelani bwino. Siku yamene muzafa zoona pano, muitane ba Nigeria banu babwele bakunyamuleni. Ise tinalila kale."

Anthu atabalalika, amayi anakhala pakhonde, beseni la tomato wophwanyika lili pamiyendo. Anati, "Zimene ndamanga moyo wanga wonse mwazigwetsa m'mawa umodzi."

M'mawa mwake amayi anatiyendetsa khomo ndi khomo. Bambo anavala jekete la kutchalitchi, achimwene anasenza chitini cha malasha, ine ndinanyamula mbale za ufa kuti tibwezere eni ake. Pakhomo lililonse tinkagwada n'kupepesa. Ena anatikalipira, ena anayesa kukalipa koma atangoona nkhope ya bambo anaphulika kuseka. Kuyambira sabata imeneyo bambo ankatchedwa ba malemu. "Mwauka bwanji, ba malemu?" Ndipo iwo, opanda manyaziwo, ankavula chipewa n'kuyankha kuti kumanda kuli bwino, kungoti kulibe malaiti. Koma amake mapasa sanaseke. Analandira mbale yawo osatiyang'ana, n'kutseka chitseko ife tili chigwadire.

Amayi anapitirizabe kupita kumaliro aliwonse, oyamba kufika monga kale. Koma zinthu zinali zitasintha. Akakhala pamphasa, amayi ena ankasunthira uko. Tsiku lina pamaliro a m'mzere wathu, amayi atangolowa, amake mapasa ananena mokweza kuti, "Onani bwino ngati ni zoona, babwela ba mafilimu." Amayi anabwera kunyumba n'kukagona dzuwa lili pamutu. Ndinakwiya kwambiri mpaka ndinafuna kuwoloka ngalande kuti ndikawayankhe, koma ndikakumbukira kuti wogubuduka uja ndinali ine, ndinkangobwerera m'nyumba.

Nanga filimuyo? Inatuluka, musaganize kuti achimwene anaitaya. Amayi anangowauza chinthu chimodzi: "Ukaikamo nkhope yanga, usadzapondenso pakhomo pano." Anachotsa gawo limenelo. Pachikuto anaika bambo ndi chipewa chofiira, kumbuyo kwawo kuli mphezi ndi nyumba yosanja imene sindikudziwa kumene anaitenga. Anapereka zimbale kwa wogulitsa wina kutauni. Patapita mwezi anakapeza zili pansi penipeni, pamwamba pali za ku Nigeria. Wogulitsayo anati anthu akaona chikuto amakondwa, koma akamva kuti ndi ya kuno amabwezera pomwepo. Achimwene, amene anayamba zonsezi kuti akweze Zambia, anamupempha kuti aziwauza kuti ndi ya ku Nigeria. Sizinathandize, chifukwa filimu ikangoyamba, mfumu ikuyenda monyada pageti, kumbuyo kumamveka kondakitala akukuwa kuti, "Mtendere! Mtendere!"

Mu Mtendere mwenimwenimo ndiye inayenda nyumba ndi nyumba. Koma palibe amene ankaonera kuyambira poyamba. Ankadumphitsa za mfumu, ankaima pang'ono pa ine kuti aseke mmene ndinagubudukira, kenako ankafika pamene ankafuna. "Ona ine apo! Ona ba mayo balila!" Ku saluni makasitomala ankati sandilipira ndisanawalirire chi Lagos. Ine ndinaionera kamodzi kokha, ndekha. Zonse zimene tinakonza zinali zochititsa manyazi, bambo akuyesa kulankhula ngati Igwe, ine ndikukuwa ngati mbuzi yomangidwa. Koma pamene amake mapasa akulowa pakhomo manja ali pamutu, ndi pamene nyimbo ija ikuyamba m'kanyumba kathu kodzaza, tsitsi linandiima. Pamenepo pokha ndi pamene panali filimu, ndipo tinachita kuba. Achimwene sanapangenso ina. Anabwerera ku maukwati, ngakhale mpaka lero amati vuto linali wogulitsa uja.

Patapita zaka ziwiri bambo anayamba kudwala. Miyendo inatupa, kenako mpweya unayamba kuvuta. Anagona m'chipatala masiku asanu ndi limodzi, ndipo m'mawa wa tsiku lachisanu ndi chiwiri anatisiya, amayi atawagwira dzanja. Tinasiya thupi ku mochale n'kubwerera kunyumba dzuwa litakwera. M'njira anthu ankatipatsa moni monga masiku onse, wina mpaka anafunsa kuti ba malemu ali bwanji. Amayi anangodutsa.

Titalowa, ine ndi achimwene tinagwira sofa yaikulu, uyu uku uyu uku.

"Siyani," anatero amayi.

Tinaganiza kuti sitinamve bwino. Iwo anabwera n'kukhala pa sofa yomweyo, chikwama cha kuchipatala chili pamiyendo.

"Amayi, tiyenera kutulutsa," anatero achimwene.

"Tikatulutsa, anthu n'kusabwera, ine nditani? Ndikhale pansi ndekha, mipando ili panja yopanda munthu? Bola ndisaone."

Anatiuza kuti titseke chitseko. Tinakhala mmenemo nthawi yaitali, atatu, osalira. Bambo anga anali atamwalira ndipo ndinkaopa kulira m'nyumba mwathu momwe. Achimwene anakhala pansi pakona, mutu uli pakati pa mawondo. Kunja moyo unkangopita, wailesi ya wina inkaimba, ndipo tsidya la ngalande ndinkamva mafuta akuthetheka m'poto. Sindinachitepo manyazi ndi mantha ngati tsiku limenelo.

Kenako mtima wanga uja unandibwerera. Ndinati ayi, bambo anga sangagone ku mochale ngati munthu wotoledwa pamsewu chifukwa cha uchitsiru wanga. Ndinatsegula chitseko, ndinawoloka ngalande, koyamba m'zaka ziwiri. Amake mapasa anali pa mbaula yawo. M'njira ndinali nditakonza mawu ambiri, opepesa ndi okalipa omwe, koma nditaima pamaso pawo onse anathawa. Ndinagwada.

"Amayi, bambo amwalira."

Anandiyang'ana nthawi yaitali. Anatembenuza chitumbuwa chimodzi, n'kutembenuzanso china.

"Kamela ili kuti?"

"Kulibe kamera. Ali ku mochale. Amayi akukana kuti titulutse mipando."

"Bakana chifukwa chani?"

"Akuopa kuti simubwera."

Anaphula poto pa mbaula, anapukuta manja, anamanga chitenje bwinobwino, n'kuyamba kuyenda ine ndili pambuyo. Kwathu analowa osaodira. Anapeza amayi akadali pa sofa ija.

"Ba neba, chokani apo. Mupando uyu ufunika panja."

"Ndimayesa kuti munanena kuti..."

"Ninakamba, inde. Ninakalipa, na manje nikali okalipa. Ivo tizakamba tikashika malilo. Manje nyamukani." Anatembenukira kwa achimwene pakona. "Iwe wa vidiyo, unkala chabe? Gwila uko!"

Anawadzutsa amayi ndi dzanja limodzi n'kuwakhazika pansi, pafupi ndi khoma. Iwo ndi achimwene ananyamula sofa yaikulu, ine ndinatenga thebulo. Zonse zitatuluka, amake mapasa anaima pakhomo kuyang'ana kumsewu, anasanjika manja pamutu, anakoka mpweya, n'kulira kulira kwawo konse.

Kumbuyo kwanga ndinamva amayi akuvomera. Ine ndinalowa kukhitchini kukatulutsa mapoto aakulu, misozi ikugwera m'manja, chifukwa m'njira munali mutayamba kale kumveka mapazi.